Nsanje North: aphungu akusintha, koma pa Mtayamoyo mpaka lero ndi bwato

Mwana wa ku Makhanga: Akuluakulu mwaswera bwanji pagulu pano? Ndithandizeni nzeru. Dera lathu la Nsanje North latulutsa anthu oti dziko lonse limawadziwa. Mbuya Gwanda Chakuamba ndi athu. Mayi Esther Mcheka Chilenje anakhalapo wachiwiri woyamba kwa Sipikala maulendo awiri. Koma mpaka lero munthu wa ku East Bank, tsidya la kum'mawa kwa Shire, akafuna kupita ku boma lake lomwe la Nsanje, asankhe chimodzi: akwere bwato pa Mtayamoyo, apo ayi azungulire ku Thabwa, Chikwawa, Nchalo, Ngabu, Bangula, kenako Nsanje. Njira inaduka mu 1997. Ndiye aphungu onsewa akhala akukatiyimira pa chiyani ku Lilongwe?

Kabaza wa pa Bangula: Kkkkk mwayambanso nkhani ija achimwene. Lero sitigona.

Admin: Nkhaniyo ndi yabwino, ipitirire. Koma lamulo lathu lija lilipobe: za phungu amene ali pampando panopa tisazikhudze, gulu lino linatsala pang'ono kutha chifukwa cha zomwezo. Tikambe mbiri. Wotukwana ndimuchotsa osamufunsa.

Mphunzitsi Wopuma: Mwana wanga wa ku Makhanga, funso lako ndi lolemera, ndiye undilole ndiyambire kutali. Achinyamata ambiri mumaona ngati East Bank inakhala kumapeto kwa dziko kuyambira kale. Sichoncho. Chiromo anali malo otchuka nthawi ya atsamunda, sitima zapamadzi zinkaima pamenepo pomwe Ruo amathira mu Shire. Njanji yoyamba m'dziko muno inachokera ku Port Herald, komwe lero timati ku Nsanje, n'kudutsa pa Chiromo kukafika ku Blantyre mu 1908. Katundu wa dziko lino ankadutsa pakhomo pathu. Ife tikukula, mayi wa ku Makhanga ankakweza nsomba ndi mbatata m'sitima n'kukagulitsa ku Luchenza kapena ku Limbe. Chimene madzi anakokolola mu 1997 ndi chimtumbira chomwe chinkanyamula msewu ndi njanji pakati pa Chiromo ndi Bangula, Shire n'kudzitsegulira njira ina pamenepo. Kuyambira tsiku limenelo boma limodzi linasanduka maiko awiri.

Tsono za aphungu. Nthawi ya Kamuzu, kuyambira 1966 chipani chinali chimodzi, ndipo phungu ankadziwa bwino kuti mpando waupeza chifukwa cha Ngwazi, osati chifukwa cha ife. Mu 1978 m'pamene anayamba kutilola kusankha pakati pa anthu angapo a chipani chomwecho, ndipo ofuna mpandowo ankayenera kuonetsa kuti Chingerezi amachidziwa. Kudandaula za msewu pamsonkhano kunali kudziputira mavuto. A Gwanda nthawi imeneyo anali nduna, analinso mkulu wa apayoniya. Mu 1980 anamangidwa pa mlandu woukira boma, anawagamula zaka 22, ndipo anatuluka mu 1993.

Wa ku Joni: Aphunzitsi, mwaiwala kunena kuti nthawi yomwe anali mkulu wa apayoniya anthu ankawaopa zedi. Tisamawapange mngelo chifukwa anamwalira.

Mphunzitsi Wopuma: Sindinaiwale achimwene, ndimafuna mufike nokha pamenepo. Apayoniya ankaima pakhomo la msika kufunsa khadi la chipani, ndipo wopanda khadi sankagula ngakhale mchere. Zimenezo ndinaziona ndi maso angawa. Koma munthu yemweyo atatuluka kundende, chaka chomwecho cha 1993 Kamuzu atapita kukachitidwa opaleshoni ku South Africa, ndi amene anatsogolera komiti ya anthu atatu yoyendetsa dziko, pamodzi ndi a John Tembo ndi a Robson Chirwa. Mwana wa kwa Mlolo kuyendetsa Malawi! Muganize mmene anthu kumudzi anamvera.

Mayi a ku Muona: Zoona aphunzitsi. Inu ana a masiku ano simungamvetse. Mbuya akabwera kudzachititsa msonkhano, anthu ankasiya mpunga m'sikimu mbalame zikudya, ena kuyenda wapansi kuchokera ku Masenjere, ana kumsana. Akangoyankhula Chisena pang'ono bwalo lonse nthungululu. Ife tinkavotera munthu, chipani chinkabwera pambuyo. Mu 1994 chigawo chakummwera chinapita ndi a Muluzi, koma kuno ku Nsanje ambiri tinadinda pa tambala wakuda chifukwa Mbuya anali wachiwiri kwa Kamuzu pa chisankhocho. Atachoka ku MCP n'kuyambitsa Republican Party cha mu 2004, ifenso tinanyamula katundu n'kuwatsatira.

Mwana wa ku Makhanga: Ndiye m'pamene pali funso langa mayi. Munawatsatira konseko, anakusiyirani chiyani?

Mayi a ku Muona: Anatisiyira dzina mwanawe. Kale ukanena kuti ndiwe wa ku Nsanje anthu m'tauni ankakuseka.

Wa ku Joni: Dzina sitiwolokera mayi.

Kwacha Masenjere: Anthuni tisamanamizane. Chimene chinatipweteka n'chakuti njira inaduka mu 1997, UDF ili m'boma, ife tili ku chipani chotsutsa. Mu 1999 a Gwanda anapikisana ndi a Muluzi pa upulezidenti, atagwirana manja ndi a Chakufwa Chihana, ndipo anapeza mavoti oposa 40 pa 100 alionse. Mukuganiza kuti boma likanathamangira kukamanga mlatho kwawo kwa munthu amene amafuna kulichotsa? Tinalangidwa basi.

Achemwali a ku Area 25: Achimwene a ku Masenjere, mfundo imeneyo ndaimva kuyambira ndili kusekondale, ndipo ikanakhala yoona ndikanasangalala, chifukwa mankhwala ake akanakhala osavuta: kungovotera chipani cholamula. Koma tiyeni tiwerenge bwinobwino. Mu 2004 a Gwanda anakhala nambala 3 ndi Mgwirizano, kenako anagwirizana ndi boma la a Bingu, ndipo mu 2005 anali nduna ya zamalimidwe kwa miyezi ingapo asanachotsedwe. Mlatho sunabwere. Pakati pa 2014 ndi 2019 phungu wathu anali wachiwiri kwa Sipikala, ali mbali ya DPP yomwe inkalamula. Mlatho sunabwere. Mu 2021 deralo linapita kwa a Enock Chizuzu a MCP, a Chakwera ali pulezidenti. Mlatho sunabwere. Tayesa kukhala otsutsa, tayesa kukhala a boma, tayesa chimunthu chachikulu, tayesa mayi, tayesa bambo. Zonse zinayesedwa pa dera limodzi lomweli. Ndiye vuto lisakhale mtundu wa nsalu imene tinavala.

Kwacha Masenjere: Koma 2021 ija inali theka la teremu, komanso kunabwera namondwe Ana mu 2022 ndi namondwe Freddy mu 2023. Ndalama zonse zinapita ku ngozi.

Achemwali a ku Area 25: Aliyense ali ndi chifukwa chake. A DPP nawonso adzakuuzani za madzi a 2015 ndi Idai wa 2019. Sindikuti anamondwewo kunalibe. Ndikuti zaka zonsezi palibe boma limene linaona kuti likapanda kulumikiza East Bank ligwa.

Kabaza wa pa Bangula: Ndipo ndalama zikafuna kupezeka zimapezeka. Doko la Nsanje lija mwaiwala? Mu October 2010 a Bingu anaitana a Mugabe ndi a Rupiah Banda kudzatsegulira, anthu tinavina, koma sitima yomwe tinkadikira inagwidwa ku Mozambique. Konkire ija ili pompaja mpaka lero. Ikanathiridwa pa Mtayamoyo bwenzi pano tikukamba zina.

Wa ku Joni: Apo mwalasa. Doko linali la anthu a makamera, mlatho ukanakhala wa ife.

Achemwali a ku Area 25: Ndiloleni nditalikitse pang'ono, chifukwa apa m'pamene timasokonezeka. Phungu alibe thumba lomangira mlatho wa pa Shire. Ntchito ya msinkhu umenewo imadutsa ku unduna wa zamtengatenga, ku Roads Authority, ndi ku Treasury, nthawi zambiri ndi ngongole kapena thandizo lakunja. Chimene phungu angachite n'kufunsa nduna m'Nyumba ya Malamulo, kukakamira m'makomiti pamene bajeti ikuunikidwa, ndi kukopa anzake kuti aime naye. Nduna imayankha kuti boma likudziwa za vutoli ndipo lichitapo kanthu ndalama zikapezeka, phungu n'kukhala pansi, wailesi n'kuulutsa, ife kumudzi n'kumati wayankhula. Mawu ake ndi amodzi pakati pa aphungu 193, ndipo kuyambira chisankho cha 2025 ndi amodzi pakati pa 229. Mu 1994 anali 177. Nyumba ikukula, mawu a dera limodzi akuchepa.

Thumba la CDF, la chitukuko cha m'dera la phungu, linayamba mu 2006, ndipo ndi la zinthu zing'onozing'ono: buloko ya sukulu, kamlatho ka pa khwawa, nyumba ya mphunzitsi. Koma linasintha mmene timaonera phungu. Tinasiya kumufunsa kuti wavota bwanji pa bajeti, tinayamba kumuwerengera mabuloko. Mu 2025 khoti linagamula kuti aphungu kulowerera pa kayendetsedwe ka thumbali komanso kuvota m'makhonsolo n'kosemphana ndi malamulo aakulu a dziko, chifukwa munthu sangamagwiritse ntchito ndalama n'kumadzilondolozanso yekha.

Chinanso chimene ambiri sadziwa: malamulo aakulu a 1994 anali ndi gawo 64, lopatsa anthu mphamvu yochotsa phungu teremu isanathe. Aphungu analichotsa mu 1995, chaka chimodzi chokha atalowa m'Nyumbamo. Makhansala nawo tinasankha mu 2000, teremu yawo itatha mu 2005 dziko linakhala opanda makhansala mpaka chisankho chapatatu cha 2014. Zaka zonsezo phungu anali yekha pabwalo, khansala ndi iye, wachitukuko ndi iye.

Mayi a ku Muona: Achemwali mwaphunzira, ndipo zonse mwanenazo ndi zoona. Koma bwerani kuno mudzakhale mwezi umodzi nthawi ya dzinja. Mayi akadwala usiku, msewu wa Thabwa utaduka pa mitsinje ija yotsika m'mapiri a Thyolo, palibe amene amaimbira Treasury. Timaimbira phungu kapena shado amene ali ndi galimoto. Maliro akagwa ku Queens, thupi lifike bwanji kuno? Ndi iwowo. Ndinaona ndekha pakhomo pa shado wina, sinditchula dzina, m'mawa dzuwa lisanatuluke anthu atakhala kale pa khonde: wina ali ndi kalata ya fizi, wina akufuna bokosi, gogo wina wangobwera ndi kathumba kopanda kanthu. Mkazi wake akuphika phala mu mphika wa pa ukwati. Munthu ameneyo atapambana, mukuganiza kuti mutu wake ukhala pa bajeti? Akhala akuwerenga ngongole.

Wa ku Joni: Ndiye olakwa ndi ife ovota?

Mayi a ku Muona: Sindinatero bambo. Munthu wanjala sumuuza kuti adikire mlatho.

Achemwali a ku Area 25: Lamulo la zipani la 2018 linaletsa kugawa ndalama ndi zinthu pofuna mavoti. Koma ndani wa kwa Mlolo angakanene munthu amene anamugulira bokosi la mayi ake?

Mphunzitsi Wopuma: Ndipo pali nkhani ina imene aphungu onse akhala akuyenda mozemba, ya Makhanga. Mwana wanga amene wayambitsa nkhaniyi akuidziwa kuposa ine. Mu January 2015 Ruo anasiya njira yake n'kudzera m'midzi, Makhanga n'kutsala pakati pa madzi. Anthu anapulumukira m'mitengo ndi pa madenga, chakudya chinkabwera pa helikopita. Sitima yomwe inkafika pa Makhanga kuchokera ku Limbe inasiyira pomwepo. Boma linati anthu asamukire kumtunda, cha kwa Osiyana. Tsono phungu anene chiyani? Akati samukani, anthu amuda, chifukwa dimba la ku Makhanga limabereka chimanga ndi mbatata popanda feteleza, pomwe kumtunda n'kouma ndipo malo ndi a eni ake. Akati khalani, madzi akabweranso imfa zili pamutu pake. Ndiye ambiri ankasankha kubweretsa matumba a ufa ndi mapulasitiki, kujambulitsa, n'kubwerera.

Mwana wa ku Makhanga: Aphunzitsi mwandikhudza. Agogo anga anasamuka, koma mpaka lero nthawi yolima amabwerera kumunsi, amakagona m'kachisakasa kudimba. Kumtunda kuli nyumba, chakudya chili kumunsi. Pa kampeni aliyense amalankhula za malata ndi simenti, palibe amene ndinamumva akufunsa kuti anthuwa akasamuka azidya chiyani. Amafuna tisamuke pa mapu basi.

Kwacha Masenjere: Komatu musaiwale kuti nthawi ina ngakhale voti yathuyo sinkawerengedwa bwino. Chisankho cha 2019 ku Nsanje North ndi Nsanje Central khoti linachifafaniza chifukwa cha zolakwika, tinakavotanso pa 30 March 2021. Kuno a Chizuzu anagonjetsa mayi Mcheka Chilenje, ku Central a Kafandikhale Mandevana anagonjetsa a Francis Kasaila. Pafupifupi zaka ziwiri tikuyimiridwa ndi zotsatira zomwe khoti linadzazikana.

Wa ku Joni: Inu a Kwacha mukuikonda nkhani imeneyo chifukwa munapambana ndinu kkkk. Koma kunena zoona, chisankho chachibwereza chija chinabwera MCP italowa kale m'boma mu June 2020. Anthu a ku chigwa si opusa, anaona komwe mphepo ikulowera. Sindikuti khoti linalakwa, ndikuti ovota a 2021 sankayankha funso lomwe ankayankha mu 2019.

Kwacha Masenjere: Nanga dera la Nsanje Lalanje mu October 2017? A Lawrence Sitolo anapambana pa tikiti ya MCP, DPP ili m'boma. Mphepo inkalowera kuti pamenepo?

Wa ku Joni: Inkalowera kwa a Sidik Mia. Anali atangolowa MCP chaka chomwecho, ndipo Mbuya anali atamwalira mu October 2016. Chigwa chinkasaka chimunthu china choti chitsamire. Ndipo mu 2019 Lalanje yomweyo inabwerera ku DPP ndi mayi Gladys Ganda. A Mia atatisiya ndi Covid mu January 2021, mpando wa chimunthu cha ku chigwa unatsala wopanda munthu, ndipo mwina n'zabwino. Tinazolowera kufunsa kuti bwana wathu ali mbali iti, m'malo mofunsa kuti ife tikufuna chiyani.

Mayi a ku Muona: A Mia musawanyoze, anathandiza anthu ambiri.

Wa ku Joni: Sindikunyoza mayi, Mulungu awalandire. Ndikunena za chizolowezi chathu.

Kabaza wa pa Bangula: Ine ndinene zanga monga munthu amene ndimakhala pa doko tsiku ndi tsiku. Madzi akachuluka mtengo wa bwato umakwera, njinga yamoto imalipira payokha, thumba la mpunga payokha. Bwato limadzaza mpaka madzi kutsala pang'ono kulowa, amayi atagwira ana, wina akukapa madzi ndi chigubu chodula, ndipo ng'ona ndi mvuu zili momwemo. Mphunzitsi wa ku Fatima woitanidwa ku ofesi ku boma amawononga ndalama ya ulendo kuposa imene akukatsatira. Koma ndikuuzeninso chinsinsi: alipo anthu amene mlatho sakuufuna. Eni mabwato, ena a ife akabaza, ogulitsa pa doko. Nawonso amavota, ndipo pa kampeni ndi amene amanyamula anthu.

Admin: Kkkkk a Kabaza mwadziulula nokha.

Kabaza wa pa Bangula: Ine mlatho ndikuufuna bwana, ndidzangosintha siteji.

Mwana wa ku Makhanga: Njanji ya Marka kufika Bangula akuikonza. Ikadzafika pa Bangula idzathera pomwepo? Chifukwa kuti ipite ku Limbe iyenera kuwoloka pa malo omwewa.

Achemwali a ku Area 25: Funso limenelo ndi limene lingatithandize kuposa kusintha phungu. Mlatho wa anthu a kwa Mlolo okha, boma liziti ndalama palibe. Koma njanji yochokera ku Beira kukafika ku Blantyre ndi nkhani ya mafuta ndi feteleza wa dziko lonse, ndipo singadutse mlengalenga. Phungu wanzeru akanasiya kupempha ngati wamasiye, n'kumanga gulu ndi aphungu a Chikwawa, Thyolo ndi Blantyre, komanso amalonda amene amalipira mathiraki, kuti nkhani ikhale ya njanji, msewu n'kukwera pamsana pake. Chimtumbira chakale chija chinkanyamula zonse ziwiri.

Mphunzitsi Wopuma: Ine maganizo anga ndi ena, ndipo ndikudziwa kuti ena muwakana. East Bank yonse, kuyambira kwa Makhuwira ku Chikwawa mpaka kwa Mlolo, mavuto ake ndi amodzi: msewu umodzi, mitsinje yomweyo, madzi omwewo. Koma tinagawidwa m'maboma awiri, ndipo maboma onsewo ali kutsidya. Ku khonsolo ya Nsanje ndife ochepa, ku khonsolo ya Chikwawa abale athu ndi ochepanso. Neno anachoka ku Mwanza n'kukhala boma palokha, Phalombe anachoka ku Mulanje, Balaka ku Machinga. Ife chikutiletsa n'chiyani kupempha?

Kwacha Masenjere: Likulu lake likakhala kuti aphunzitsi? Mukangoti Fatima, a kwa Makhuwira akana. Mukati Livunzu, ife tikana. Tidzamenyana tisanaone ndi DC yemwe.

Wa ku Joni: Komanso boma latsopano ndi maofesi, magalimoto a mabwana ndi nyumba zawo. Neno anakhala boma, koma anthu ake akhala akulirira msewu wa tala zaka ndi zaka.

Mphunzitsi Wopuma: Akulira ali ndi chipatala cha boma ndi DC pafupi. Ife tikulira tili m'bwato.

Mayi a ku Muona: Ine za boma latsopano sindidziwa, koma zoti tizikumana ndi a kwa Makhuwira ndagwirizana nazo. Mpunga timagulitsa kwa mavenda omwewo, amatidyera limodzi chifukwa cha msewu womwewo.

Admin: Nthawi yatha akuluakulu, ena mawa tili ndi ntchito. Achemwali a ku Area 25, mungatilembere mafunso asanu okha oti aliyense wofuna mpando kuno, wa chipani chilichonse kapena woima payekha, adzayankhe pamaso pa mafumu ndi a ADC, komiti ya chitukuko cha m'dera? La njanji ndi Mtayamoyo likhale loyamba, la minda ya anthu osamuka ku Makhanga likhale lachiwiri. Aphunzitsi, la boma la East Bank tiliika, koma likhale lomaliza kuti msonkhano usathere pomwepo.

Achemwali a ku Area 25: Ndilemba Loweruka. Koma wina adzawamasulire m'Chisena ndi kuwawerenga pa bwalo, asathere pa WhatsApp pano pomwe theka la ife tili ku Lilongwe ndi ku Joni.

Mphunzitsi Wopuma: Kumasulira ndichita ine. Takhuta.

Kwacha Masenjere: Muikeponso la msewu wa Thabwa. Mafunso akhale asanu ndi limodzi.

Kabaza wa pa Bangula: Amene mukubwera ku maliro a mawa ku Chiromo, fikani pa doko isanakwane 7, madzi akwera usiku uno ndipo mabwato akuyenda awiri okha.